Chinjoka cha Mitu Isanu ndi Mantha a Akhristu

Khalani pansi pang'ono, pakuti nkhani ya lero ndi yaitali, ndipo ena mwa inu siikukomerani.

Sabata yatha kunyumba kwanga kunabuka mlandu. Mdzukulu wanga wa zaka 15 anapezeka ndi chithunzi m'foni mwake: chinjoka cha mitu isanu, wofiira, wakuda, woyera, wobiriwira ndi wabuluu. Azakhali ake anakuwa kuti mwana walowa zausatana, foni iotchedwe, iyeyo apite kwa mneneri wina akamutulutse ziwanda, pamtengo wake. Ine ndinakana. Zaka zanga za m'boma zinandiphunzitsa kusasayina fayilo ndisanaiwerenge. Ndinamuitana mwanayo n'kumufunsa, "Tandiuza, chimenechi n'chiyani?" Iye anati, "Agogo, ameneyu ndi Tiamat."

Kuona maso a nkhono n'kudekha, choncho ndinafufuza. Tiamat ameneyu ndi wa m'masewera a Dungeons & Dragons, amene Gary Gygax ndi Dave Arneson anatulutsa ku America mu 1974. Osewera amazungulira tebulo namapeka nkhani za dziko limene silili pa mapu alionse. M'buku lina la masewerawa la 2021, Fizban's Treasury of Dragons, alembi akuti chinjoka chimenechi ndi chinzake Bahamut ndizo zinalenga dziko loyamba, limene pambuyo pake linaphwanyika. Ndiye kuti m'nthano yawoyo, mlengi yemweyo ndiyenso mfumukazi ya zinjoka zoipa.

Koma dzinalo anachita kubwereka. Ababulo akale anali ndi nthano yawo ya chilengedwe, Enuma Elish, yolembedwa pa mapale adongo asanu ndi awiri. Zidutswa zake zinafukulidwa m'mabwinja a Nineve, ndipo George Smith anazifalitsa mu 1876. M'menemo Tiamat ndiye nyanja yamchere, mayi wa milungu. Marduk anamupha, nang'amba mtembo wake pawiri: theka linakhala thambo, theka dziko lapansi. Anthu anapangidwa ndi magazi a Kingu, mkulu wa nkhondo wa Tiamat, kuti azisenza ntchito yolemetsa ya milungu. Chiphunzitso chake mwachimva: dziko linabadwa mwa kupha, ndipo munthu ndi kapolo.

Tsopano tsegulani Genesis 1. Mulibe nkhondo. Madzi akuya alipo ndithu, koma satsutsa, sanyamula chida. Mulungu alankhula, madzi namvera. Pa ndime 21, zilombo zazikulu za m'nyanja, zimene mitundu yoyandikana ndi Israele inkanthunthumira nazo, zikulengedwa tsiku lachisanu, limodzi ndi nsomba ndi mbalame. Masalimo 104:26 apitirira apo: Leviyatani anaumbidwa kuti azisewera m'nyanja. Chimene Ababulo ankachiyesa chiyambi cha zonse, kwa Yehova chili ngati chiweto. Ndipo munthu sanachokere m'magazi a wopanduka. Analengedwa m'chifaniziro cha Mulungu.

Apa ndipo pali mlandu wanga ndi inu, abale ndi alongo amene mumathamangira moto ndi mafuta odzozera. Mukakhulupirira kuti chithunzi chojambulidwa ndi munthu wolipidwa chingalande mwana wobatizidwa m'dzanja la Khristu, mwavomera chiphunzitso cha Babulo, chakuti kumwamba kuli mphamvu ziwiri zolimbana, ndipo wopambana sadziwika. Mwachipatsa chinjokacho mpando umene ngakhale ochipekawo sanachipatse, pakuti iwo amadziwa kuti n'chopeka. Paulo pa 1 Akorinto 8:4 akuti fano silili kanthu. Yesaya 44 amaseka mmisiri amene aphikira chakudya theka la mtengo, theka linalo naligwadira. Inu simugwadira fano, n'zoona, koma mumalinjenjemerera. Kodi kusiyana kwake n'kwakukulu bwanji?

Satana alipo, ndipo Chivumbulutso 12 chimamutcha chinjoka. Koma chaputala chomwecho chimati anaponyedwa pansi. Ntchito yake yeniyeni ndi bodza, ndipo bodza lake limodzi ndi ili: kuti iye ndi wamkulu kuposa mmene alili. Amene amagulitsa mantha amamuthandiza kulifalitsa, chifukwa nkhosa yochita mantha imalipira msanga. Akhristu ena a ku America anayesa njira imeneyi m'zaka za m'ma 1980, nalalikira kuti masewerawa ndi khomo la ziwanda. Masewerawo akugulitsidwabe mpaka lero.

Musandimve molakwa: sindikuti nthano ilibe kanthu. Nthano imaphunzitsa, n'chifukwa chake agogo athu ankatisonkhanitsa pamoto madzulo. Mwana amene wamva kambirimbiri kuti dongosolo limabadwa mwa lupanga, ndi kuti wolenga ndi wowononga ndi mmodzi, popanda womuuza nkhani ina, adzakula akuyesa kuti dziko ndi la wamphamvu. Ngozi yeniyeni ili pamenepo, ndipo moto wootcha foni suifikira.

Ndivomere tchimo langa pamaso panu. Mdzukulu wangayo anandifotokozera mutu uliwonse ndi chimene umalavula: wofiira moto, wabuluu mphezi, woyera chisanu. Nditamufunsa chimene Mulungu analenga tsiku lachisanu, anangoyang'ana pansi. Amene anachita manyazi ndine, mkulu wa mpingo wa zaka zambiri, amene ndimafunsa ana a anthu ena mafunso a Katekisma pomwe wa m'nyumba mwanga akuphunzitsidwa ndi foni. Usiku umenewo tinawerengera limodzi Genesis 1 ndi Masalimo 104. Atamva za Leviyatani wosewera anaseka, nafunsa ngati Baibulo lili ndi zina zotere. Tagwirizana kuti Loweruka tiwerenge Yobu 41.

Kholo linzanga, mmera mpoyamba. Mukapeza chinjoka m'foni ya mwana wanu, musakuwe. Mufunseni dzina lake, mumvetsere, kenaka mutsegule Buku. Mumuonetse Mlengi amene sanaphe aliyense kuti dziko likhalepo, koma anapereka Mwana wake kuti dziko lipulumuke.

Foni ija sinaotchedwe, ndipo kwa mneneri sitinapite. Mutipempherere Loweruka.

Ambuye akusungeni nonse. Amen.