Kufufuta Dzina la Mlembi Ndi Kuba

Kanema akatha, anthu amanyamuka msangamsanga mayina a amene adamupanga akadayenda pansalu. Ambiri amati mayinawo alibe ntchito, chachikulu n'chakuti kanemayo wawasangalatsa. Ine ndikutsutsa maganizo amenewa, ndipo mboni yanga ndi mlembi wa ku Hungary, Béla Balázs, amene anthu adafuna kuchotsa dzina lake pa ntchito zake kawiri konse.

Balázs adabadwira mumzinda wa Szeged m'chaka cha 1884, m'banja lachiyuda, ndipo dzina lake lenileni lidali Herbert Bauer. Iye ndiye adalemba mawu a sewero loimba lotchedwa Bluebeard's Castle, mnzake Béla Bartók n'kupeka nyimbo zake. Sewerolo lidaonetsedwa koyamba ku Budapest mu 1918. Chaka chotsatira Balázs adatumikira boma lachikomyunizimu limene lidalamula dzikolo miyezi yowerengeka chabe, ndipo litagwa iye adathawira ku Vienna. Olamula atsopano adafuna kuti sewerolo lizionetsedwa popanda dzina la mlembi wake. Bartók adakanitsitsa. Kukanako kudamudyera, chifukwa sewero lakelo silidaonetsedwenso ku Budapest kufikira 1936. Wopeka nyimbo aliyense amalakalaka kuti anthu amve nyimbo zake, koma uyu adalolera kuti zake zikhale m'kabati kusiyana ndi kupereka mnzake.

Tsono taonani zimene adachita Leni Riefenstahl, mayi wa ku Germany. Pa nthawi imene ankafuna kupanga kanema wake woyamba, Balázs adali atatchuka kale chifukwa cha buku lake la mu 1924 lofotokoza luso la kanema, ndipo ankalemba nkhani za makanema ku Berlin. Mayiyu adamupempha thandizo. Adalembera limodzi nkhani ya The Blue Light, kanema wa mu 1932 wonena za mtsikana wa kumapiri amene anthu a m'mudzi ankamuyesa mfiti. Balázs adavomera kudikira malipiro ake. Koma atawafunsa ali ku Moscow, Hitler adali atalowa kale m'boma. M'malo molipira, mu Disembala 1933 Riefenstahl adalemba kalata yopereka nkhaniyo m'manja mwa Julius Streicher, mwini nyuzipepala ya Der Stürmer, imene ntchito yake idali kunyoza Ayuda. M'kalatamo mnzake uja adangosanduka Myuda. Kanemayo atatulutsidwanso mu 1938, dzina la Balázs mudalibe.

Alipo amene amati tisasakanize luso ndi ndale, pakuti kanemayo ndi wokongola ndithu, kaya dzina lilipo kaya palibe. Koma adasakaniza ndani? Kodi si amene adachotsa dzina la munthu chifukwa cha mtundu wake? Zithunzi za mapiri n'zokongoladi, sindikukana. Komatu kamera siipeka nkhani. Wina adakhala pansi n'kuganiza zoti mtsikanayo akwere phiri, zoti mudzi umude, ndi mmene imfa yake idzere. Kudya ntchito imeneyo n'kubisa mwini wake sikusiyana ndi kukolola m'munda wa mnzako n'kuuza mfumu kuti udalima wekha.

Ena amati nthawi idali yoopsa, mayiyo akadatani? Akadatha kungokhala chete. Palibe adamugwira dzanja kuti alembere Streicher. Bartók nayenso adali pansi pa boma louma mtima, koma sadagonje.

Sindikunena kuti Balázs adali mngelo. Adakhala ku Soviet Union kuyambira 1931 mpaka 1945, m'zaka zimene Stalin ankapha anthu ochuluka, ndipo ndale zake munthu angazitsutse ndithu. Koma kutsutsa maganizo a munthu ndi mlandu wina, kumulanda ntchito yake ndi winanso. Ngakhale wopalamula, khasu lake limakhalabe lake.

Nkhondo itatha Balázs adabwerera kwawo, nalemba nawo nkhani ya Somewhere in Europe, kanema wa Géza Radványi wonena za ana amasiye oyendayenda m'dziko lophwasuka ndi nkhondo. Adamwalira ku Budapest mu 1949. Patapita zaka khumi, achinyamata opanga makanema mumzindawo adatcha situdiyo yawo dzina lake. Riefenstahl adakhala ndi moyo mpaka 2003, ndipo adamwalira ali ndi zaka 101.