Lonjezo loti "mukasiya, nsomba zichuluka" lingagwidwe bodza pati?

Ku Nkholongue, mudzi wa m'mbali mwa nyanja kumwera kwa Metangula m'boma la Lago, anthu amadalira chinangwa ndi nsomba. Boma la Mozambique lidalengeza mu 2011 kuti chigawo chake cha nyanjayi ndi malo otetezedwa, ndipo uthenga womwe asodzi a nyanja yonse adauzolowera ngwakuti mukasiya kukokera nsomba ndi masikito, nsomba zichuluka. Uthengawu ndi wanzeru. Chondidetsa nkhawa ndi kanenedwe kake, chifukwa wounena adautseka mbali zonse moti sangagwidwe bodza ngakhale zinthu zitavuta chotani.

Philo, Mgiriki amene adakhalako zaka pafupifupi 300 Yesu asanabadwe, adaphunzitsa kuti mawu a "mukatere, zidzatere" amakhala onama pamalo amodzi okha: choyamba chikachitika koma chachiwiri osachitika. Tiyerekeze wogula usipa wauza mwini chilimira kuti, "Bambo, mukandisungira ndowa zonse m'mawa, ndiwonjezera mtengo." Msodzi wasunga, mtengo wakwera: wogula wanena zoona. Msodzi wasunga, alovi adikira padzuwa usipa n'kuyamba kufewa, wogula wabwera ndi mtengo wadzulo: apa wanama. Koma msodzi akagulitsa kwa wina bwato litangokocheza, wogula uja awonjezere kapena asawonjezere, palibe mfumu ingamupeze wolakwa. Mawu ake sanathyoke.

Ena amati izi n'zibwana za m'kalasi. Ndiye kuti wonena kuti nyanja ikauma mawa mbuzi ziyankhula wanena zoona? Malinga ndi lamuloli, inde, ndipo ngakhale Diodorus, mphunzitsi wa Philo yemweyo, sadakhutire nalo. Komabe phindu la lamuloli ndi lakuti limatilozera poyang'ana, malo amene maso athu amakonda kuwalambalala. Mu 1966 Peter Wason wa ku England adapatsa anthu makadi anayi kuti asankhe oyenera kutembenuza poyesa lamulo lotere, ndipo pafupifupi mmodzi yekha mwa anthu 10 ndiye ankakhoza. Ambiri ankasaka zogwirizana ndi lamulolo, osati zolithyola. Mu 1982 Griggs ndi Cox atasintha funsolo kukhala la msinkhu wololedwa kumwa mowa, ambiri adakhoza, poti kugwira wozemba lamulo tonse timatha.

Tibwerere ku masikito. Nsomba zikachuluka chaka china, wolalikira uthenga uja amati mwaona nokha. Si umboni umenewo. Mwera wa pakati pa Meyi ndi Seputembala umavundula madzi akuya n'kukweza chakudya cha tizilombo timene usipa umadya, choncho usipa ungachuluke masikito ali m'madzi momwemo. Nsomba zikachepa, iye amati ndiye kuti simunasiye. Kuganiza kotere kumayenda pokhapokha titavomereza kale kuti lonjezo lake ndi loona, pamene icho ndicho tikufuna kuyesa. Zikakoma iye ndiye amadziwa, zikaipa olakwa ndi asodzi, ndipo mbali imodzi ija, yoti anthu asiyadi koma nsomba osabwera, sipatsidwa mpata wooneka.

Wina anganene kuti tikamakangana chonchi ana a nsomba akutha. N'zoona, ndipo sindikuti masikito abwerere m'nyanja; aliyense woona tinsomba tosafika chala tayanikidwa pathandala amadziwa kuti ukonde wa maso ang'onoang'ono umakokolola zamawa. Ndikuti msodzi amene akuuzidwa kusiya chida chodyetsera ana ake ali ndi ufulu womva mfundo zake zisanayambe. Kusiyako kukhale kwa gombe liti mpaka liti, kwa miyezi ingati, ndipo adzatsimikiza ndani kuti anthu asiyadi? Kuchulukako n'kwa nsomba iti, usipa, utaka kapena chambo? Makomiti a asodzi pamodzi ndi mafumu agwirizane ndi alangizi ochokera ku Metangula pa zimenezi poyera, ndowa ziziwerengedwa pagombe n'kulembedwa m'buku, ndipo alangiziwo anene lero lomwe chimene adzachite nyengo ikadzakwana nsomba zili chimodzimodzi.