Chaplin anamusunga, nanga Izeki ndi Jakobo?

Mwana wa ku Ndirande kapena ku Bangwe mukamutchulira Mr. Bean amakwinya nkhope pomwepo n'kuyamba kuyenda ngati iye. Komatu sewero limene Rowan Atkinson anayamba kuonetsa ku Britain mu 1990 lili ndi magawo 15 okha. Magawo omwewo ndi amene azungulira m'mavidiyo sho athu zaka zonsezi, osazilala, chifukwa eni ake anawasunga bwino. Mwana yemweyo mufunseni za Izeki ndi Jakobo. Mwina wamvapo mayinawo kwa bambo ake, basi.

Ine izi zimandiwawa, ndipo mlandu ndi wathu.

Charlie Chaplin anabadwira ku London mu 1889 mu umphawi wadzaoneni. Mayi ake anadwala misala, iye n'kukaleredwa kunyumba yosungirako amphawi. Ntchito yake inali yomwe ife timaitcha zachibwana: kugwa, kuthamangitsidwa ndi wapolisi, kuvala nsapato zazikulu ndi buluku lokhwepa. Koma onerani Modern Times ya mu 1936, pamene makina a m'fakitale akumumeza. Aliyense amene analawirirapo m'mamawa kudutsa pa Maselema kukafuna ganyu kumakampani amazindikira kuti munthuyo akunena za iye. Kwawo anazindikiranso. Mu 1975 Mfumukazi Elizabeth inamupatsa ulemu wa Sir, ndipo mu 2016 nyumba imene ankakhala ku Switzerland inatsegulidwa kuti anthu azikaona mbiri yake.

Chaka chomwecho cha 2016 ife tinaika m'manda John Nyanga, Izeki wathu. Mu 2021 Eric Mabedi, Jakobo, anamutsatira. Tinalira, akuluakulu analankhula pamaliro, tinabalalika.

Ena amati n'kulakwa kuyerekeza awiriwa ndi Chaplin. Ine ndikukana. Luso lodziwa nthawi yeniyeni yokhalira chete, yotembenuka, yotulutsa mawu amodzi kuti holo yonse iphulike, ndi limodzimodzi ku London ndi ku Blantyre, ndipo munthu amalisula zaka zambiri. Awiriwa ndi anzawo a Kwathu Drama Group analisula pa nthawi yovuta, ya Kamuzu, pamene lamulo la mu 1968 linkafuna kuti sewero lililonse liyambe ladutsa m'manja mwa bungwe la boma lounika masewero. Izeki akadzipusitsa, Jakobo n'kumamukalipira, anthu ankaseka dyera, ngongole, bwana wankhanza ndi mpongozi wovuta, zinthu zimene sakanazinena poyera. Ankazinena m'Chichewa cha m'minibasi ndi cha pamsika, chimene mabuku a kusukulu sanachilembe. Ntchito yawo ikatayika, chilankhulo chimenecho chitayika nayo limodzi.

Ndipo ikutayikadi. Zambiri zomwe tili nazo ndi tizidutswa tosaoneka bwino ta pa YouTube ndi WhatsApp, ndi ma CD okoperedwa mwakuba omwe sanapindulitse mabanja awo. Bwalo limene anatchukirapo, French Cultural Centre pa Chichiri, ulendo wapansi kuchokera pa Maselema, linatsekedwa mu 2011. Boma linagula malowo n'kuwatcha Blantyre Cultural Centre, koma akuba analowa n'kusakaza katundu, ndipo kukonza kwake kwakoka zaka. M'zaka zimenezo achinyamata ambiri anthabwala akulira pa foni, osalawako kuima pamaso pa anthu mazanamazana amene akhoza kungokuyang'ana osaseka. Sukulu ya wanthabwala ndi imeneyo.

Andale amadziwa mphamvu ya nthabwala. Bon Kalindo, Winiko, anapita ku Nyumba ya Malamulo mu 2014. Michael Usi, Manganya wa mu Tikuferanji, anakhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko mu 2024. Ndiye pasapezeke wonena kuti boma silikudziwa kufunika kwa anthu amenewa.

Chofunika si chipilala. MBC itulutse matepi onse a Izeki ndi Jakobo omwe ili nawo, iwasamutsire pa kompyuta asanawonongeke. National Archives ku Zomba isunge makope ake. COSOMA ionetsetse kuti aliyense wowagwiritsa ntchito akulipira mabanja a malemuwa. A Kwathu omwe akadali moyo ajambulidwe akufotokoza momwe masewerowo ankapangidwira, ndani ankayambitsa nkhani, ankayeserera kuti. Ntchito imeneyi unduna woona zachikhalidwe uiyike mu bajeti yotsatira, ndipo aphungu a mu Blantyre aifunse m'Nyumba ya Malamulo mpaka ichitike.