Tatopa Kuomberedwa M'manja Tili ndi Njala

Ife opanga mafilimu oima patokha, amene ngakhale kamera timachita kubwereka, tili ndi madandaulo. Zoti luso lilipo palibenso angatsutse. Filimu yotchedwa Lilongwe ya mayi Joyce Mhango Chavula inapata mphoto ya AMVCA ku Nigeria mu 2016, ndipo The Road to Sunrise ya a Shemu Joyah inatenganso mphotoyo mu 2018. Dziko lonse linaomba m'manja. Koma ambirife ndalama yojambulira imachokerabe m'thumba mwathu, pena titagulitsa mbuzi za makolo.

Chotiwawa kwambiri ndi cha mabungwe. Akatiitana, nkhani amakhala ataisankha kale: maukwati a ana, Edzi, nkhanza za m'banja. Mavutowa alipodi, sitikukana. Koma tayesani kuwauza kuti mukufuna kujambula moyo wa msodzi wa ku Nkhata Bay m'Chitonga, kapena wa mayi wovina vimbuza ku Rumphi, kapena mlandu wa malo pabwalo la mfumu ku Nsanje, anthu akuyankhula Chisena chawo. Amakufunsani kuti uthenga wake ndi wotani, kutanthauza uthenga woti ulowe mu lipoti lawo. Mukalephera kuyankha, foni sayankhanso. Mapeto ake Mmalawi wa pa kanema wasanduka munthu wongolira, wodikira mlangizi kuti adzamuphunzitse filimu ikamatha. Kodi kwathu kuno sitiseka, sitifunsirana, sitinyengana pa malonda? Gule wamkulu ndi vimbuza a UNESCO anazizindikira mu 2005, koma wofuna kuzilukira nkhani amasowa womugwira dzanja.

Filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind itatuluka mu 2019 tinakondwa kumva Chichewa pa Netflix ndi kuona midzi ya ku Kasungu. Komabe mtima unawawa: nkhani ya William Kamkwamba, yomwe filimuyi ikufotokoza, inachita kudikira ndalama ndi wotsogolera wochokera kunja.

Tikavutika n'kuimaliza filimu, kokaonetsa kulibe. Nyumba yoonetsera mafilimu ya Apollo ku Blantyre inatsekedwa kalekale. Wailesi zina za kanema zimafuna tiwapatse ulere, zina zimati tilipire ndife nthawi yoonetsera. Anyamata obena nawo sachedwa: sabata isanathe filimu ili kale pa memori khadi, ife osalawako ngakhale tambala, pomwe lamulo loteteza umwini wa zaluso linakonzedwanso mu 2016. Musatiuze kuti anthu safuna mafilimu a chiyankhulo chawo. M'mavidiyo sho mumadzaza anthu oonera mafilimu achitchaina ndi achimwenye omasuliridwa m'Chichewa.

Tikupempha boma likhazikitse thumba lothandizira mafilimu, loti wa ku Chitipa ndi wa ku Mulanje apemphe mofanana ndi wa mu Lilongwe. Wailesi za kanema zizigula ntchito zathu. Inu a mabungwe, pa mafilimu anu onse aja tipatseniko imodzi yokha yoti nkhani tisankhe tokha.