Mlendo wa kalumo kakuthwa

Akuluakulu anati mlendo ndiye amabwera ndi kalumo kakuthwa. Mwambi umenewu ukuwayenera mayi Ruth Prawer Jhabvala, amene anali mlendo kulikonse kumene anakhala. Iwo anabadwira ku Cologne, m'dziko la Germany, m'chaka cha 1927. Banja lawo, pokhala la Chiyuda, linathawira ku England mu 1939. Atakwatiwa mu 1951 anakakhala ku Delhi, ndipo anamwalirira ku New York mu 2013.

Mayiwa anali mlembi wa mabuku, moti buku lawo la Heat and Dust linapata mphoto ya Booker mu 1975. Koma chimene chinawatchukitsa kwambiri ndi ntchito yosandutsa mabuku a nkhani zopeka kukhala mafilimu, mothandizana ndi Ismail Merchant ndi James Ivory, kuyambira mu 1963. Analandira mphoto ya Oscar kawiri, pa mafilimu a A Room with a View ndi Howards End, onse ochokera m'mabuku a E. M. Forster.

Alipo ena amene amati wogwira ntchito yotereyi ndi wokopera chabe, kapenanso wowononga za eni. Maganizo amenewo ndi olakwika. Buku munthu amaliwerenga sabata yathunthu, pamene filimu imatha m'maola awiri. Buku limalowa mpaka mumtima mwa munthu, koma kamera imangoona nkhope. Choncho wolemba filimu ayenera kudula zambiri, ndipo nzeru yake imaoneka pa zimene wasankha kusiya.

Chitsanzo ndi The Remains of the Day ya mu 1993. M'buku la Kazuo Ishiguro, wantchito wa m'nyumba, Stevens, amasimba yekha mbiri yake. M'filimu amalankhula pang'ono, ndipo chisoni chake chimaonekera pa nkhope ya Anthony Hopkins. Amuna awiri a ku America a m'bukumo anaphatikizidwa kukhala munthu mmodzi. Ngakhale zinatero, phata la nkhani silinasunthe: munthu anataya chikondi potumikira bwana wosayenera.

Chodandaulitsa n'chakuti anthu amawatchula mafilimuwa kuti a Merchant Ivory, dzina la mayi amene anawalemba osamveka. Mphika umakhazikika pa mafuwa atatu. Adzukulu akamaonera filimu azidikira mayina a kumapeto, adziwe amene anailemba, kenaka akafunefune bukulo kuti adziweruzire okha ngati kalumo kanameta bwino.