Mlandu suola, koma khomo la apilo limatsekeka

Akale ankati mlandu suola. Anthu akayambana pa malire a munda kapena ngongole ya mbuzi, nkhaniyo inkatha kugona zaka, koma tsiku lina inkadzuka pabwalo la nyakwawa. Wosakhutira ankapita nayo kwa gulupu, mwinanso mpaka kwa mfumu yaikulu, popanda womuwerengera masiku. M'midzi ya kwa Maganga, kwa Kuluunda ndi kwa Makanjira ambiri akadali ndi maganizo omwewo, ndipo amadzidzimuka akamva kuti kumakhoti a boma mwayi wodandaula umaola ndithu, ndipo umaola msanga.

Munthu amene sanakhutire ndi chigamulo cha majisitireti pa mlandu wa ngongole, katundu kapena chipukutamisozi ali ndi masiku 14 okha oti apereke chidziwitso cha apilo yopita kubwalo lalikulu. Wochokera kubwalo la milandu ya pantchito ali ndi masiku 30. Wochoka kubwalo lalikulu kupita kubwalo la Supreme ali ndi masabata 6, kapena masiku 14 ngati chigamulocho chaperekedwa mlandu uli mkati. Nthawi ikadutsa bwalo likhoza kuonjezera masiku, koma ku Supreme wopemphayo ayenera kulemba chikalata cholumbirira chofotokoza zifukwa zomveka ndi zolemera zimene zinamuchedwetsa, nasonyezanso kuti apilo yakeyo ili ndi mutu.

Malire a nthawiwa si oipa ayi. Mayi wamasiye amene wapambana mlandu wa ngalawa ndi maukonde a malemu mwamuna wake ayenera kudziwa tsiku limene angagone tulo, osati kukhala zaka akuopa kuti alamu ake adzadzutsanso nkhani. Mboni zimamwalira, zotsala zimaiwala. Ngakhale mwambo weniweniwo umadziwa kuika nyengo: pachilumba cha Mbenji mfumu Makanjira imatseka usodzi m'miyezi ya mvula, ndipo wonyozera sauzidwa kuti pepani. Zengerezu adalinda kwawukwawu, ndipo kampani yokhala ndi maloya imene yagonera mafayilo chaka chathunthu isayembekezere chifundo.

Koma si aliyense wochedwa amene ali Zengerezu. Msodzi amene wagamulidwa Lachisanu nawoloka kupita ku Mbenji Lolemba, pomwe utaka wayamba kugwa, sakunyoza khoti; akusaka chakudya cha ana, ndipo mwera ukaomba sangabwerere tsiku limene wafuna. Mlimi wa mpunga wa ku Lifuwu amayamba wakauza mwinimbumba, kenaka abale akhale pansi, kenaka agulitse thumba kuti apeze ya ulendo. Pamene zonsezi zikutha, masiku 14 apita kalekale, iye osadziwa n'komwe kuti ankawerengedwa. Akatero amauzidwa kuti kusadziwa lamulo si chifukwa. Chodabwitsa n'chakuti njira yopemphera chifundoyo ndiyo yovuta kuposa apilo yeniyeniyo: imafuna zikalata za m'Chingerezi, imafuna kulumbira, ndipo nthawi zambiri imafuna loya. Bwalo lalikulu loyandikira lili ku Lilongwe, mtunda wa makilomita pafupifupi 100 kuchokera pa boma la Salima. Ofesi ya boma yothandiza osauka pa milandu, imene idakhazikitsidwa ndi lamulo la 2011, ilipo, koma maloya ake ndi ochepa poyerekeza ndi owafuna.

Ndiponso makhotiwo sali oyera pa nkhani ya kuchedwa. M'chaka cha 2012 ogwira ntchito m'makhoti adanyanyala kwa miyezi yoposa iwiri, ndipo madandaulo a zigamulo zimene zimatenga zaka zisanatuluke akhala akumveka kwa nthawi yaitali. Wodzikhululukira zaka azipima bwino asanakane kukhululukira mnzake masabata.

Gawo 41 la malamulo aakulu a dziko lino, a 1994, limapatsa munthu aliyense ufulu wofika kubwalo la milandu kuti nkhani yake ithetsedwe kotheratu. Kuti ufuluwo ufike kunyanja, majisitireti akangotha kuwerenga chigamulo azinena m'Chichewa kapena m'Chiyao tsiku lenileni limene khomo la apilo lidzatsekeke, ndipo kalaliki alilembe pakapepala koti wogonjayo apite nako kwawo. Ndipo woweruza pempho la wochedwa aziyamba wafunsa ngati munthuyo adauzidwa tsikulo, ngati adali ndi loya, ndi kumene adali masabata awiriwo, asanayambe kuwerenga masiku pakalendala.