Bot wa mu room ndi lifali, macro yako ndi kuba

Pali bodza limene latopetsa mu ma room a HaxBall. Munthu akagwidwa na macro, amayankha kuti, "Nanga room ino ilibe bot? Tonse tiseŵenzetsa ma script." Iyai mwana, usatipusitse.

HaxBall ni mpira wosavuta: makiyi oyendera, na X yomenyera mpira. Mario Carbajal anaitulutsa mu 2010, ndipo masewerawa ali na Headless Host, njira imene mwiniwake anapereka yekha kuti munthu ayendetse room na JavaScript. Bot wotere amagawa matimu a red na blue, amacotsa amene wagona pa kiyibodi, amasunga zigoli, amathamangitsa otukwana. Zimene acita zimaonekera pa chat, ndipo lamulo lake limagwira aliyense, olo mnzake wa host. Mpira saukhudza.

Manje script ya mu browser yako icita ciani? Macro imadina X mofulumira kuposa cala ca munthu aliyense. Ina imajambula mzere woonetsa kumene mpira udzapita ukagunda khoma. Palibe amene aiona, palibe amene anaivomereza, ndipo ithandiza phazi limodzi cabe, lako. Ndiye cifukwa cake masewerawa ali na kick rate limit, kuti host acepetse liwiro la kumenya. Cida cimeneci sicinabwere cifukwa ca ma bot.

Ena amati ni ping. Zoona, ma room ambiri ali ku Europe na South America, ndipo kuseŵera uli mu Lusaka nthawi zina kumakhala monga kuthamanga m'matope. Tonse timadziwa. Koma /extrapolation ilipo, ni ya aliyense, ndipo siibisika. Macro siicepetsa ping yako. Imangobera mnyamata wa ku Chipata amene ali na ping yofanana na yako, amene wagula bundle na ndalama ya lunch, wadikira malaiti tsiku lonse, kuti aseŵere mphindi 20 cabe. Akaluza katatu kwa munthu amene saphonya, amacoka osabwelanso. Ma room athu ni ocepa kale.

Ma host nawonso tisawasiye. API imodzimodziyo imalola kusintha kukula na kayendedwe ka woseŵera. Host amene apatsa anzake kapena olipila mphamvu zoonjezera mwakabisila wasandutsa lifali kukhala woseŵera wa timu ina. Ameneyo ni wakuba monga wa macro, kungoti ali na makiyi a geti.

Ndipo iwe amene umakopa code ya munthu wosamudziwa n'kuiika mu console kapena kuika extension ya pa Discord, unaiŵelenga? Extension ikapatsidwa cilolezo imatha kuona masamba ena amene utsegula pa browser imeneyo.

Ma host, lembani malamulo a bot wanu pamene munthu angoloŵa. Yatsani kick rate limit. Sungani ma replay, kuti ban ikhale na umboni, osati mkwiyo wa admin amene wadyetsedwa zigoli zisanu.